Pafupi kwa yani?

Banja likamatha, mkangano woyamba sukhala woti walakwa ndani, koma woti mlandu ukakambidwire kuti. Pa wailesi mafunso otere amandipeza kawirikawiri: mwamuna akugwira ntchito ku migodi ya malasha ku Moatize, akufuna nkhani ipite ku Tete, mkazi ali kumudzi ku Domue ndi ana, akuti ibwere ku khoti la ku Ulongwe. Aliyense akuti akufuna pafupi.

Ine ndimaima ndi amene alibe ndalama ya chapa. Kuchokera kuno kukafika ku Tete ndi makilomita oposa 200. Wolandira malipiro pamwezi amangokwera n'kubwerako. Mayi wolima mbatata ayenera kugulitsa thumba, kusiya ana kwa anansi, n'kulipiriranso ankhoswe ulendo. Mlandu ukaimitsidwa kawiri, kachitatu sapitanso, ndipo kusapitako kumaoneka ngati wavomera kulakwa. Chonsecho ankhoswe, munda ndi nyumba yolimbiranayo zili konkuno.

Koma kufupika kwa msewu pakokha sikokwanira. Taganizani za mkazi wa ku Dedza amene analowoledwa mwa Chingoni n'kudzakhala kwa mwamuna kuno. Bwalo la pamudzi lili pakhomo penipeni, koma odzaza bwalolo ndi alamu ake ndi apongozi. Mabwalo a m'midzi amene lamulo la 1992 linakhazikitsa amathandiza kuyanjanitsa anthu, osati pamene wina akuopa kutsegula pakamwa. Mayi wotere akapempha kuti nkhani ipite ku boma, kumene mwina akalankhula kudzera mwa womasulira Chipwitikizi, inu ankhoswe musamunene kuti akunyoza mudzi. Muperekezeni.