Chikomekome cha Zitsekerero za El Anatsui

Kodi ndi bwino kupanga chinthu chokongola kuchokera ku mbiri ya misozi? Funsoli limandivuta ndikamaganizira ntchito za El Anatsui, mmisiri wa ku Ghana amene anabadwira ku Anyako m'chaka cha 1944.

Mkuluyu anaphunzira zaluso ku Kumasi, ndipo mu 1975 anapita kukaphunzitsa pa yunivesite ya ku Nsukka m'dziko la Nigeria. Kwa zaka zambiri ankasema mitengo ndi kuumba dothi, koma chomwe chinamutchukitsa ndi zinthu zotola kudzala: zitsekerero za mabotolo a mowa. Iye ndi omuthandiza amazipsyatitsa, kuziboola ndi kuzilumikiza ndi waya wamkuwa, mpaka zikwizikwi za izo zitasanduka chinsalu chachikulu chonyezimira. Mu 2007 chinsalu chotere chinakuta khoma la nyumba ya Palazzo Fortuny ku Venice, ndipo mu 2015 mumzinda womwewo anamupatsa mphoto ya Golden Lion.

Komatu mowa uli ndi mbiri yowawa kumadzulo kwa Africa. Amalonda a ku Ulaya ankabwera nawo n'kumasinthanitsa ndi anthu. Anthuwo ankakalima nzimbe kutsidya kwa nyanja ya Atlantic ngati akapolo, ndipo nzimbezo zinkatulutsa mowa wina wogulira akapolo ena. Anatsui mwiniwake amanena kuti zitsekererozi zimakumbutsa malondawo.

Apa wina akhoza kudandaula kuti mlendo wachuma amaima patali, kusirira kunyezimirako, n'kubwerera kwawo mtima uli mbee. Kwa wodandaulayu, chikomekome cha mkuyu m'kati muli nyerere, ndipo mmisiri wathandiza kubisa nyererezo.

Dandauloli ndi lomveka, koma ine sindigwirizana nalo. Chinthu chonyansa timachilambalala, pamene chokongola chimatikoka kuti tisendere pafupi. Ukasendera pafupi ndi chinsalu cha Anatsui, golide uja amatha. Umaona mayina a mowa, m'mphepete mwakuthwa ndi timfundo ta waya tomangidwa ndi manja a anthu. Kodi mwakufuna kwake ndani akanaweramira chitsekerero chili m'fumbi?

Mu 2023 anapachika ntchito yake yotchedwa Behind the Red Moon ku Tate Modern, mumzinda wa London. Mbali imodzi ya ntchitoyo inkaoneka ngati thanga ya ngalawa, ndipo nyumbayo ili ndi dzina la Henry Tate, amene analemera ndi malonda a shuga. Kupachika thanga yotere m'nyumba yotere ndi kukumbutsa alendo za nzimbe ndi ngalawa zija pamalo oyenera.

Choncho ndikuona kuti kukongola sikulakwa ngati kwasiya zipsera poyera. Mmisiri wachita mbali yake posapaka utoto wobisa mayina a mowawo. Mlandu wotsala ndi wa ife oonerera, ngati tisankha kuima patali pomwe chinsalucho chimangooneka ngati golide.