Kuona maso a nkhono n'kudekha

Nkhono ukaikhudza imabweza nyanga zake, ndipo maso ake ali kunsonga kwa nyangazo. Kuti uwaone uyenera kunjuta pambali n'kudikira. Mpake akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha.

Mwambiwu umandibwerera ndikaona alendo atachita hayala galimoto kuchoka ku Lilongwe kupita kunyanja ku Cape Maclear. Ambiri amangouza dalaivala kuti, "Achimwene, thamangitsani," ngati msewuwo ndi chilango. Chonsecho ku Dedza, mukapatuka pang'ono pa M1, m'mapanga a Chongoni muli zojambula za Akafula ndi za Achewa, zomwe UNESCO inaziika m'gulu la chuma cha dziko lonse mu 2006. Mukatsika mapiri pamsewu wokhotakhota wa ku Golomoti, mishoni ya Mua ili pafupi. Pamishoni imeneyi, yomwe inayamba mu 1902, Bambo Claude Boucher anakhazikitsa malo a zachikhalidwe a KuNgoni mu 1976. Kumeneko, m'nyumba yosungiramo zakale ya Chamare muli zigoba za Gule Wamkulu mazanamazana, chilichonse ndi dzina lake ndi phunziro lake. Mmenemo ola limatha osadziwa.

Kunyanjako mumafika dzuwa litapendeka, chambo chili pamoto.