Bwalo Lifike Pafupi ndi Nkhosa

Ambiri a ku Bwanje amapita ku Johannesburg kukafuna ntchito, ndipo ena amamanga ukwati komweko. Banja likapasuka, mayi amabwerera kwawo ali ndi nkhawa mumtima: kodi ukwati uja unali woona pamaso pa Mulungu? Nanga mlandu wotere ukazengedwe kuti, popeza mayi wosauka sangathenso ulendo wautali chotero?

Malamulo a Eklezia a 1983 ankalola wodandaula kusuma ku bwalo la kwawo pokhapokha onse awiri akukhala m'dera la bungwe limodzi la maepiskopi. Koma m'chaka cha 2015 Papa Francis, m'kalata yake Mitis Iudex Dominus Iesus, anachotsa chopinga chimenechi. Tsopano mlandu ukhoza kuzengedwa kumene ukwati unadalitsidwa, kumene mmodzi mwa awiriwo akukhala, kapena kumene kuli umboni wochuluka. Motero Mkhristu wa ku Bwanje akhoza kutula dandaulo lake ku Dayosizi ya Dedza. Ndipo ngati mlandu unayamba kale kutali, bwalolo likhoza kupempha kuti mboni zikamvedwe kwawo.

Komatu Akhristu asanyengeke: kufupika kwa njira sikufewetsa choonadi. Bwalo silimasula ukwati woona, pakuti Ambuye Yesu analetsa zimenezo. Limangofufuza ngati ukwatiwo unamangidwadi. Wokankhira mlandu kutali pofuna kutopetsa mnzake achimwira chilungamo, ndipo mboni yonama ichimwira Mulungu.

Choncho akatekisti aperekeze ovutika otere kwa Bambo Mfumu, ndipo ankhoswe akanene zoona zokhazokha.