Kodi Mawu a Makolo Angasungidwe ndi Mlonda?

Munthu akakolola chimanga achimangira nkhokwe, akakhala ndi ng'ombe azimangira khola naika mlonda. Nanga chilankhulo chimene mtundu wa anthu unalandira kwa makolo ake, kodi nachonso chingasungidwe motero? Funso limeneli liyankhidwa bwino ndi nthano ina ya ku England, imene anailemba J. R. R. Tolkien, mphunzitsi wa zilankhulo zakale pa sukulu yaikulu ya Oxford. Iyeyu anabadwa mu 1892 namwalira mu 1973, ndipo anali Mkatolika wolimba.

M'buku lake lotchedwa The Two Towers, limene linasindikizidwa mu 1954, muli zimphona zopeka zimene iye anazitcha a Ent. Iwowa ndi aatali ngati mitengo, khungu lawo lifanana ndi khungwa, ndipo ntchito yawo ndiyo kuweta mitengo ya m'nkhalango ya Fangorn monga mbusa aweta nkhosa. Koma asunganso mawu. Chilankhulo chilichonse akachimva achiphunzira msanga osachiiwalanso, ndipo mkulu wawo, Treebeard, adziwa pamtima mndandanda wakalekale wa maina a zamoyo. Tsiku lina anakumana ndi tianthu tiwiri, Merry ndi Pippin, a mtundu wa a Hobbit, nadabwa poona kuti mtundu wawo sunatchulidwe mu mndandandawo. Pambuyo pake anauikamo, pakuti kwa iye chamoyo chilichonse chiyenera kukhala ndi dzina lake.

Pali zambiri zoyamikika mwa alonda amenewa. Kwa iwo dzina liyenera kufotokoza mbiri ya mwini wake, kotero kuti dzina lenileni la Treebeard limka litalika pamene zaka zake zichuluka. Salankhula mofulumira. Atasonkhana kuti aweruze ngati nkoyenera kupita kunkhondo, msonkhano wawo unatha pa tsiku lachitatu. Mdani wawo anali Saruman, wamatsenga wa ku Isengard, amene ankagwetsa mitengo yawo, nanyenga anthu ndi liwu lake lozuna. Koma linga la mwini lilime lonyengalo linagumulidwa ndi iwo olankhula pang'onopang'ono. Apa nthano iphunzitsa kuti mawu ayamba kuwonongeka pamene eni ake awasandutsa chida cha bodza, ndi kuti woyesa mawu ake asanawatulutse ali nayo mphamvu yoposa ya wochenjera pakamwa.

Komabe nkhani ya a Ent ili ya chisoni. Akazi awo ankakonda minda koposa nkhalango, ndipo anachoka naoloka mtsinje waukulu wa Anduin kukalima tsidya lina. Amuna anatsala ndi mitengo yawo, namawachezera kamodzikamodzi. Nkhondo itabwera minda ija inatenthedwa, ndipo amuna atapita kukawafuna sanawapezenso. Chiyambire pamenepo sanabadwe mwana ndi mmodzi yemwe. Tsono chilankhulo chawo nchovuta kotero kuti palibe wa mtundu wina anatha kuchiphunzira. Motero alonda amene sanataye liwu ndi limodzi lomwe adzataya mawu onse pa tsiku limene wotsiriza wa iwo adzatseka pakamwa.

Pamenepa ndipo pagona yankho. Chilankhulo sichifanana ndi chimanga cha m'nkhokwe. Chifanana ndi moto wa pamudzi, umene ukhalitsa chifukwa chakuti anthu apalana nyumba ndi nyumba. Woukaniza anzake adzauka m'mawa napeza phulusa lokha.

Kapena wina adzati: nanga mabuku sasunga mawu? Asungadi, ndipo ntchito ya owalemba njolemekezeka. Tolkien yemwe anathandiza kukonza buku lalikulu lomasulira mawu la Oxford mu 1919 ndi 1920. Koma iye anadziwanso mbiri ya chilankhulo cha a Goth, chimene anachikonda kuyambira ubwana wake. M'zaka za m'ma 300 episkopi wawo, Wulfila, anamasulira Malembo Oyera m'chilankhulocho, ndipo masamba ena ofiirira, olembedwa ndi zilembo za siliva, asungidwa kufikira lero mu mzinda wa Uppsala ku Sweden. Masamba alipo, alonda ake alipo, koma palibe mayi padziko lonse amene atonthoza mwana wake ndi mawu amenewo.

Chifukwa chake mlonda weniweni wa chilankhulo ndiye amene achipereka kwa wina. Ndiye mayi woyankha mafunso a mwana wake mosatopa, ndi gogo wosimba nthano madzulo, ndi mphunzitsi wofotokoza zozama m'mawu amene ana awamva. Udindo wawo uli pawiri: kulankhula zoona, kuti mawu asapepuke, ndi kupezeka pafupi ndi ana, kuti mawuwo akhale ndi owalandira. A Ent anakwaniritsa udindo woyambawo nalephera wachiwiri, pakuti analola kuti banja lawo lipatuke, poganiza kuti nthawi ikadalipo.

Makolo anati kuwongola mtengo mpoyamba. Kholo limene lidziwa miyambi mazana koma mwana wake osadziwa ndi umodzi womwe lisadikire kuti mwanayo ayambe wakula. Liyambe madzulo ano, likakhala naye pa chakudya.