Kodi Woweruza Aletse Apolisi Kufufuza?

Tiyese kuti ng'ombe yabedwa pa Euthini, kwa Inkosi Chindi. Mwini wace wadandaula kwa apolisi, ndipo iwo ayamba kulondola mapazi. Pamenepo munthu amene amganizira, pokhala wacuma, athamangira ku bwalo la milandu ku Mzimba, nati, Aletseni, andicititsa manyazi. Kodi woweruza amvere?

Ife titi iai. Woweruzayo sanamve mboni, sanaone khola kapena cikopa. Adzadula bwanji mlandu umene sunafukulidwe? Ndiponso wosauka, wopanda ndalama za loya, sakhoza kupempha cotere, ndipo cifundoco cidzagwera olemera okha. M'caka ca 2022 Kezzie Msukwa, amene adali nduna ya za malo, anatsutsa ku Bwalo Lalikuru kafufuzidwe ka a ACB, olondola za ziphuphu. Woweruza Redson Kapindu sanawaletse.

Komatu sititi woweruza agone tulo. Alipo apolisi ena omanga munthu cifukwa ca cidani cabe. Lamulo lalikuru la dziko, la 1994, liti womangidwa afike naye ku bwalo asanathe maora 48. Akamsunga kopitirira, kapena akammenya kuti abvomere, woweruza alankhule msanga. Koma kulondola ng'ombe kuja kupitirire.