Chikondi cha Anthu ndi Chikondi cha Mulungu m'Masewero a Umera Ahmed

Kuyambira kalekale akatswiri a maphunziro a Chisilamu akhala akusinkhasinkha ngati chikondi cha mwamuna ndi mkazi chimamuyandikiza munthu kwa Mulungu kapena chimamutchingira njira. Asufi, omwe ndi Asilamu ofunafuna kumudziwa Mulungu ndi mtima kuwonjezera pa kusunga malamulo, amasiyanitsa ishq-e-majazi, chikondi cha pa cholengedwa, ndi ishq-e-haqiqi, chikondi chenicheni cha pa Mlengi, ndipo ambiri mwa iwo amaphunzitsa kuti choyambacho ndi mlatho wowolokera ku chachiwiricho. Umera Ahmed, yemwe anabadwa mu 1976 mumzinda wa Sialkot ku Pakistan ndipo anali mphunzitsi asanatchuke ndi buku lake la Peer-e-Kamil la mu 2004, walilowetsa funsoli m'makomo a anthu wamba kudzera m'masewero a pa kanema amene makolo ndi ana amaonera limodzi madzulo.

M'sewero la Shehr-e-Zaat, lomwe linaonetsedwa pa wailesi ya kanema ya Hum TV mu 2012, Falak, mtsikana wa m'banja lolemera, amaumba chifanizo cha mwamuna wa kumtima kwake, kenaka amakwatiwa ndi Salman amene akufanana nacho. Koma Salman atatengeka ndi mkazi wina, Falak amazindikira zimene agogo ake ankamuchenjeza, zoti iye ankapembedza ntchito ya manja ake. Sewero la Zindagi Gulzar Hai, lomwe linayamba chaka chomwecho, limayenda njira ina. Kashaf, amene bambo ake anakwatira mkazi wachiwiri chifukwa choti mayi ake ankabereka ana aakazi okhaokha, amakhala usiku ndi kope lake n'kumalemba madandaulo kwa Mulungu, ndipo mtima wake umafewa pang'onopang'ono, mpaka kuphunzira kuyamika, akayamba kumukhulupirira mwamuna wake Zaroon.

Masewero awiriwa akaikidwa pamodzi amasonyeza kuti vuto silili m'chikondi chenichenicho, pakuti chimene chinamugwetsa wina ndi chomwenso chinamudzutsa mnzake; vuto limabwera pamene wokondayo akufuna kuti munthu mnzake amupatse zimene Mulungu yekha angapereke, monga mtendere wosatha ndi tanthauzo la moyo. Komabe phunziroli lili ndi ngozi yake, chifukwa nkhani imene misozi ya mkazi imasanduka sukulu ya chikhulupiriro ikhoza kuzoloweretsa owonera kuganiza kuti kusakhulupirika kwa mwamuna ndi chida cha Mulungu, motero wolakwayo n'kumapulumuka osafunsidwa kanthu.

Apa ndi pamene udindo wa mlembi wa masewero a pabanja umalemera, poti amalankhula nthawi imodzi kwa mayi wopirira, kwa mwana wamkazi amene akuphunzira kwa mayiyo, ndiponso kwa bambo amene wakhala nawo pabalaza pomwepo. Chikhulupiriro chimene chimatonthoza wovulazidwa chiyeneranso kumuuza wovulazayo poyera kuti wachimwa, pakuti Mulungu amene Falak anamupeza m'masautso ndi yemweyo amene amalamula chilungamo pakati pa mwamuna ndi mkazi.