Kamera, Nkhosa ndi Eni Nthaka

Mu 1893 katswiri wa mbiri yakale, Frederick Jackson Turner, adalemba kuti khalidwe la Amereka lidaumbidwa ku malire a kumadzulo, kumene azungu ankalanda dziko lomwe iwo ankaliyesa lopanda mwini. Ganizoli lidasanduka nthano, ndipo makanema ndiwo adaifalitsa. Pojambula Stagecoach mu 1938, John Ford adapita ku Monument Valley, m'dera la Anavajo, nalemba ganyu eni nthakawo kuti asewere ngati Aapache oukira apaulendo. Mapiri adaoneka bwino lomwe, koma anthu ake adasanduka chiopsezo chopanda dzina. Kodi n'chilungamo kukumbukira dziko mochotsamo eni ake?

Mu 1966 Sol Worth ndi John Adair adapereka makamera kwa Anavajo asanu ndi mmodzi ku Pine Springs, m'chigawo cha Arizona, nawaphunzitsa kujambula ndi kulumikiza zithunzi, osawauza chojambula. Ankafuna kudziwa ngati chilankhulo ndi chikhalidwe zimatsogolera kasanjidwe ka zithunzi monga momwe galamala imatsogolerera mawu. Makanema aafupi opanda mawu omwe adatuluka adali achilendo. Ojambulawo ankapewa kuyandikira nkhope za anthu, ndipo nthawi yaitali ankaonetsa munthu akuyenda pansi. Mu Intrepid Shadows, Alfred Clah adasanja mithunzi, mkombero wachitsulo wogudubuzika ndi ukonde wa kangaude umene mlendo akuusokoneza. Kwa Ford dziko ndi lodutsamo mothamanga. Kwa ojambulawa dziko ndi lokhalamo, lodziwika ndi mapazi.

Komabe ntchitoyi sidathetse funso lija. Isanayambe, sing'anga wokalamba, Sam Yazzie, adafunsa ngati kujambula kungapweteke nkhosa kapena kuzipindulira. Atamva kuti sikungachite chilichonse mwa ziwirizi, adafunsa chifukwa chojambulira. Akuluakulu adati mlendo ndiye adza ndi kalumo kakuthwa, koma apa mlendo yemweyo ndiye adabwera ndi mafunso, natenganso mayankho kukalemba buku.

Choncho kupereka kamera ndi theka chabe la chilungamo. Theka linalo ndi lakuti eni ake asankhe chokumbukira, omuonetsa, ndi chomwe chiyenera kukhala chosajambulidwa. Mu 2002 Library of Congress idaika makanemawa m'kaundula wa makanema ofunika kusungidwa. Kusungako n'kwabwino, koma funso la nkhosa likadali kudikira aliyense wonyamula kamera pa nthaka ya eni.